Ndemanga: Ngongole yogulira nyumba patatha zaka zitatu ndikubweza

Ndikulemba ndemanga iyi nditatha zaka zitatu zathunthu ndikubweza ngongole imene ine ndi amuna anga tinatenga ku imodzi mwa mabanki akuluakulu a m'dziko muno, kuti tigule nyumba ya zipinda zogona zitatu ku Area 25 mumzinda wa Lilongwe. Pa nyenyezi zisanu ndikupereka zitatu. Bankiyo sinatibere tambala ngakhale imodzi, ndipo ndalama iliyonse imene yadula inalembedwa m'pangano limene tinasaina ndi manja athu. Nyenyezi ziwirizo ndazichotsa chifukwa pa tsiku losaina tinatuluka mu ofesi muja tikudziwa ndalama imene tizidulidwa pamwezi, koma tisakudziwa mtengo wa ngongoleyo, ndipo palibe amene anatiuza kuti zinthu ziwirizi nzosiyana.

Nyumbayo inkagulitsidwa K40 miliyoni. Ife tinapereka K10 miliyoni imene tinasonkhanitsa kwa zaka zambiri, ndipo banki inatikongoza K30 miliyoni yotsalayo mu Julaye 2021, kuti tibweze m'zaka 15 pa chiwongoladzanja cha 15 peresenti pachaka. Mnyamata amene ankatithandiza anali waulemu kwambiri. Anatembenuza kompyuta yake kuti tione, n'kuloza nambala imodzi ndi cholembera, nati, "Mayi, muzipereka K420,000 pamwezi basi, mukaphatikiza ndi bambo pano simuvutika." Tinayerekeza ndalamayo ndi lendi imene tinkalipira, tinaona kuti kusiyana kwake tingakupirire, ndipo tinasaina paliponse pamene anamatapo kapepala kachikasu. Mapepalawo anali ochuluka, ndipo ndikuvomereza kuti sindinawawerenge onse. Ndikanachulukitsa K420,000 ndi miyezi 180 tsiku lomwelo, ndikanaona kuti tikulonjeza kubweza ndalama yoposa K75 miliyoni pa ngongole ya K30 miliyoni, ngakhale chiwongoladzanja chikanakhala chosasuntha mpaka kumapeto. Nambala imeneyi sinatchulidwe pakamwa ngakhale kamodzi.

Ndalama zina zinatuluka tisanalandire ngakhale makiyi. Panali ya banki yokonzera ngongoleyo, ya katswiri woyesa mtengo wa nyumba, ya loya amene analemba mapepala osinthira umwini ndi oikira nyumbayo pachikole, msonkho wa boma wa stamp duty, ndiponso yolembetsera zonsezi ku kaundula wa malo. Zonse pamodzi kwa ife zinayandikira K2 miliyoni, ndipo banki sinaziphatikize mu ngongole, zinachoka m'thumba. Tinakongola kwa achibale kuti tikwanitse, motero tinalowa m'nyumba yatsopano tili ndi ngongole ziwiri m'malo mwa imodzi.

Chimene chinanditsegula maso ndi sitetimenti ya chaka choyamba. Ndinaiwerenga usiku magetsi atazima, ndikuunikira ndi tochi ya pafoni, ndipo poyamba ndinaganiza kuti munthu wina walakwitsa polemba. M'miyezi 12 tinali titapereka ndalama yoposa K5 miliyoni, koma ngongole inali itatsika kuchoka pa K30 miliyoni kufika pa K29.4 miliyoni yokha. Ndinapita kubanki m'mawa mwake ndili wokonzeka kukangana, ndipo kumeneko ndi kumene ndinaphunzira zimene ndinayenera kuphunzitsidwa ndisanasaine. Chiwongoladzanja amachiwerengera mwezi uliwonse pa ndalama yonse imene yatsala, ndipo ndicho chimayamba kudya pa ndalama imene mwapereka, thunthu la ngongole n'kulandira zotsalira. Pa K30 miliyoni, 15 peresenti pachaka ndi K375,000 pamwezi. Choncho pa K420,000 yathu ya mwezi woyamba, K45,000 yokha ndi imene inakhudza ngongole yeniyeniyo. Gawo limeneli limakula pang'onopang'ono pamene zaka zikupita, koma limayamba kuoneka bwino chakumapeto, kutanthauza kuti zaka zoyambirira munthu amakhala akulipira lendi ya ndalama za eni ake, ngakhale iye akuganiza kuti akugula khoma ndi malata. Ichi si chinyengo, ndi mmene ngongole za mtundu uwu zimayendera, koma kufotokoza kwake kumafuna mphindi zisanu zokha, ndipo mphindi zimenezo sitinapatsidwe.

Vuto lalikulu linali mu mzere umodzi wa panganolo, umene unkanena kuti chiwongoladzanja chathu ndi reference rate kuwonjezerapo maperesenti ena atatu. Reference rate ndi mlingo umene mabanki onse amalengeza mwezi ndi mwezi ndipo amayambirapo powerengera chiwongoladzanja cha ngongole, ndipo umatsatira kwambiri policy rate, mlingo wa chiwongoladzanja umene banki yaikulu ya dziko, Reserve Bank of Malawi, imakhazikitsa. Pamene tinkasaina, policy rate inali pa 12 peresenti. M'chaka cha 2022 inakwera kufika pa 14, kenako pa 18. Mu 2023 inafika pa 22, kenako pa 24, ndipo kumayambiriro kwa 2024 inafika pa 26 peresenti. Kale nkhani ngati zimenezi zikamanenedwa pa wailesi ndinkapitiriza kusenda mbatata, poganiza kuti ndi za akatswiri a zachuma. Masiku ano ndimakweza mawu a wailesiyo, chifukwa ndikudziwa kuti pakangopita milungu yowerengeka uthenga wa pafoni wonena za ndalama yodulidwa ubwera ndi nambala ina.

Pofika pakati pa 2024 chiwongoladzanja chathu chinali chitafika pa 28 peresenti, ndipo ndalama ya pamwezi inali pafupifupi K695,000. Chopweteka kwambiri si kukwera kokhako, koma kumene ndalamayo ikupita. Pa K695,000 imeneyo, pafupifupi K670,000 ndi chiwongoladzanja, ndipo K25,000 yokha ndi imene imachepetsa thunthu. Tikupereka ndalama yochuluka kuposa poyamba, koma ngongole ikutsika mochedwa kuposa poyamba. Nditaphatikiza zonse zimene tapereka m'zaka zitatuzi ndinapeza pafupifupi K19 miliyoni, pamene ngongole yotsala inali K28.7 miliyoni, kutanthauza kuti yatsika ndi K1.3 miliyoni basi. Chiwongoladzanja chikapanda kutsika m'zaka 12 zotsalazi, tidzapereka K100 miliyoni ina pamwamba pake. Amuna anga atamva nambala imeneyi anangokhala chete kwa kanthawi, kenako n'kunena kuti walira mvula walira matope.

Nthawi yomweyo zinthu zina zonse zinkakweranso. Kwacha inachepetsedwa mphamvu ndi 25 peresenti mu Meyi 2022, kenako ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, ndipo mu 2024 mitengo ya zinthu inkakwera ndi maperesenti oposa 30 pachaka. Malipiro anga anakwera, koma osati pa liwiro limenelo. Banki imadula ndalama yake tsiku limene malipiro alowa, ufa ndi fizi ya ana zisanaganiziridwe, ndipo panali miyezi imene tinkafika pa tsiku la 15 la mwezi tikuwerenga makala.

Apa mpamene ndinapitanso kubanki kukapempha thandizo, ndipo chimene anandipatsa ndicho chandikhumudwitsa kwambiri pa zonse. Mayi amene ndinamupeza anandiuza mwachifundo kuti angathe kutalikitsa nthawi yobwezera ndi zaka zisanu kuti ndalama ya pamwezi itsike. Ndikanakhala mmene ndinalili mu 2021 ndikanathokoza n'kusaina pomwepo. Ndinamupempha kuti andilembere manambala onse awiri papepala, ndipo zinapezeka kuti ndalama ya pamwezi ikanatsika kuchoka pa K695,000 kufika pa K676,000, kupepuka kwa K19,000 yokha, pamene ndalama yonse yobweza ikanakwera ndi pafupifupi K38 miliyoni. Chifukwa chake nchosavuta kumva munthu akadziwa mmene chiwongoladzanja chimadyera: ngati pafupifupi ndalama yonse ya pamwezi ndi chiwongoladzanja, kuwonjezera zaka sikungachepetse chiwongoladzanjacho, kumangochepetsa kagawo kakang'ono kaja kamene kanali kugwetsa thunthu. Mayiyo sananame, ndipo manambala anandipatsa mosavuta nditawapempha, koma anayamba ndi kutchula mbali imene imakoma m'khutu, ndipo munthu wotopa ndi ngongole amamva mbali imeneyo yokha. Ndinakana.

Njira imene yatithandiza ndi yobweza ndalama yapadera pamwamba pa ya mwezi. Mu Disembala 2023 ndinalandira gawo langa ku banki mkhonde ya amayi a kumpingo, tinawonjezerapo phindu la kugolosale ya amuna anga, n'kukwana K1 miliyoni. Pa chiwongoladzanja cha 28 peresenti, K1 miliyoni yochotsedwa pa thunthu imapulumutsa ndalama yoposa K23,000 mwezi uliwonse, ndipo imagwira ntchito imene ndalama ya pamwezi ikanaigwira m'zaka zoposa ziwiri. Tsoka lake, ndalamayo nditaiika mu akaunti inangokhala momwemo, ndipo banki inayamba kuidya ngati ndalama ya miyezi yotsatira. Ndinazindikira patapita miyezi iwiri, theka lake ndi kupitirira litapita kale. Anandiuza kuti ndinayenera kulemba kalata yonena kuti ndalamayo ipite ku thunthu la ngongole, lamulo limene palibe anandiuza tsiku limene ndinkaika ndalamayo, ngakhale ndinafotokoza cholinga changa kwa amene anailandira pawindo. Zinatenga maulendo atatu ndi miyezi inanso kuti tibwezeretse ndalamayo ndipo ilowe pamene tinkafuna, nchifukwa chake sitetimenti ya zaka zitatu ija sinaionetse. Aliyense wofuna kubweza mofulumira afunse kaye ngati pali chindapusa chobwezera nthawi isanakwane, alembe kalatayo, ndipo asunge kope lodindidwa chidindo. Kwa ife chindapusacho panalibe, ndipo pa ichi ndikuiyamikira bankiyo.

Za inshuwalansi ndinene mwachidule. Pali ziwiri zimene sitikanatha kuzikana, ya moyo imene imamaliza ngongole wokongolayo akamwalira, ndi ya nyumba yoteteza ku moto ndi ngozi zina, ndipo zonse ziwiri zimalipiridwa padera pa K695,000 ija. Poyamba ndinkaziona ngati mtolo wosafunika, koma nditaganizira ana anga atatu ndinasiya kudandaula za inshuwalansi ya moyo. Ya nyumbayo inafunika kuikweza, chifukwa ndalama imene inalembedwa mu 2021 singamangenso nyumba yomweyi pa mitengo ya simenti ndi malata ya lero, ndipo zimenezi ndinachita kuzifunsa ndekha. Pamwamba pa izi pali msonkho wa malo, msonkho wa kukhonsolo ya mzinda, ndi kukonza chilichonse chimene chawonongeka. Denga litadontha mvula yoyamba ndinatenga foni kuti ndiimbire alandilodi, ndisanakumbukire kuti alandilodiwo tsopano ndine.

Sindingakhale wachilungamo ndikapanda kunena zimene ngongoleyi yatichitira. Kugwa mphamvu kwa kwacha kumene kwatisautsa kumsika kwachepetsanso kulemera kwa K28 miliyoni imene tatsala nayo, chifukwa ngongole imakhala pa nambala yomweyo pamene mtengo wa nyumba ukukwera. Nyumba zofanana ndi yathu m'dera lathu sizikupezekanso pa K40 miliyoni, ndipo anzathu amene anasankha kudikira kuti asonkhanitse ndalama yonse aona mtengo ukuwathawa chaka ndi chaka, uku lendi yawo ikukwezedwa. Ana sanasinthe sukulu m'zaka zitatuzi, ndipo palibe amene watigogodera pakhomo kutiuza kuti mwana wake akubwera kudzakhala m'nyumbamo. Komabe sindimaiwala kuti chiphaso cha umwini wa nyumbayi chili m'manja mwa banki, ndiponso kuti lamulo limailola kugulitsa nyumba yachikole wokongola akalephera kubweza atachenjezedwa. Ndikaona zidziwitso za nyumba zogulitsidwa ndi mabanki m'nyuzipepala, ndimadziwa kuti eni ake ena analinso anthu osamala, amene anauzidwa nambala imodzi pa tsiku losaina n'kudzakumana ndi ina patapita zaka ziwiri.

Kodi ndingalimbikitse munthu wina kutenga ngongole imeneyi? Inde, ngati malipiro ake angapirire ndalama ya pamwezi itakwera ndi theka kapena kupitirira, ndipo ngati ali ndi njira yoponyera ndalama yapadera pa thunthu chaka chilichonse. Kwa amene ndalama ya pamwezi yoyambirirayo ikumufika kale pakhosi, sindingamulimbikitse. Asanasaine apemphe ndandanda yonse ya kabwezedwe yoonetsa chiwongoladzanja ndi thunthu mwezi uliwonse, apemphenso kuti amuwerengere ndalama ya pamwezi chiwongoladzanja chitakwera ndi maperesenti 5 ndi 10, ndipo atenge mapepalawo akawawerengere kunyumba m'malo mosaina pomwepo. Kompyuta imene mnyamata uja anatitembenuzira inkatha kuonetsa zonsezi m'kanthawi kochepa, ndipo ndalembera bankiyo kalata yopempha kuti izichita zimenezi kwa wokongola aliyense popanda kudikira kufunsidwa. Anandiyankha kuti ganizo langa alilandira ndipo alitumiza kwa oyenera. Banki mkhonde yathu igawananso mu Disembala, ndipo kalata yonena kumene ndalamayo iyenera kupita ndailemba kale, yangotsala deti ndi chidindo.