Boti la pa Shire ku Liwonde: a mu ofesi andikwiyitsa, woyendetsa ndiye wandibwezera mtima

Ndalama ndinatumiziratu pa foni, mtengo uja amatilipiritsa ife a Malawi, ndipo mayi a mu ofesi anandilonjeza kuti boti linyamuka dzuwa likangopendeka. Titafika padoko, kumtunda pang'ono kwa baraji ya Kamuzu yotchinga madzi a mtsinje wa Shire, tinapeza malo athu atapatsidwa alendo ena. Mayiwo sanapepese. Anangoti "dikirani", maso ali pa foni. Ana anapsa ndi dzuwa la ku Liwonde lija, ndipo boti lina litabwera munalibe majekete oyandamitsa a msinkhu wawo. Ndinakana kukwera mpaka anakawatenga. Zakumwa zimene analemba pa uthenga sitinazione.

Choncho ndinakwera ndili ndi mkwiyo, ndipo sitinapite patali injini inazima. Namasupuni anali atakulunga puropela. Kumanja kwathu kunali gulu la mvuu, zikutulutsa makutu ndi mphuno, ina yayikulu ikuyasamula, boti likutsetserekera komweko. Mwana wanga wamng'ono anayamba kulira. Woyendetsa, bambo achikulire ofatsa, sananjenjemere. Anati tonse tikhale pansi, aliyense achotse dzanja m'madzi chifukwa ng'ona za muno si zamasewera. Anatenga nkhafi n'kulikankhira boti cha ku bango, anapendeketsa injini, n'kuyamba kuzula zomerazo ndi manja, uku akutilankhula modekha kuti mwana atonthole.

Zimene anatiuza pamenepo ndi zimene zandichititsa kulemba ndemangayi. Anati namasupuni yemweyu akadutsa pa baraji amakatseka makina a magetsi ku Nkula, n'chifukwa chake a EGENCO amamuvuula pa Liwonde pomwepa. Baraji ya Kamuzu inamangidwa mu 1965 kuti izisunga ndi kutulutsa madzi mwa muyeso, pakuti Shire ndiye mtsinje wokhawo wotulutsa madzi m'nyanja ya Malawi. Umachoka ku Mangochi, kulowa m'nyanja ya Malombe, kudutsa m'paki ya Liwonde, kenako kugwera pa mathithi a Nkula, Tedzani ndi Kapichira kumene magetsi athu ambiri amachokera, kufalikira m'dambo la Elephant Marsh, kulandira Ruo ku Chiromo, mpaka kukathira mu Zambezi ku Mozambique. Anatikumbutsanso kuti cha m'ma 1915 nyanja inatsika kwambiri moti Shire anasiya kuyenda kwa zaka pafupifupi 20. Mwana wanga wamkulu amaphunzira zimenezi kusukulu, koma sindinamuonepo akumvetsera chonchi.

Injini italira tinakwera mtsinje. Madzi a kuno ndi odekha, otambalala, m'mbali muli mivumo italiitali ndi milambe patali. Nkhwazi inalira pamwamba pa mtengo wouma. Kenako bambo aja anazimitsanso injini, ulendo uno mwadala, n'kutiloza kutsogolo. Njovu zinali kuwoloka. Zazikulu madzi anazifika m'mapewa, kamwana kali pakati, kakuoneka chitamba chokha. Zinatuluka tsidya lina zitada bii, zikudontha madzi, n'kuyamba kudya bango. Sanatiyandikizitse ngakhale mlendo wina anawakakamiza kuti ajambule bwino. Anangoti njovu yokhala ndi mwana imapatsidwa njira. Ndinawalemekeza kwambiri pamenepo.

Anatiuzanso kuti chiyambire 2015, pamene bungwe la African Parks linayamba kuyang'anira pakiyi, njovu zinachuluka moti zina anazisamutsira ku Nkhotakota, ndipo mu 2022 zina anapita nazo ku Kasungu. Chimene chimawadandaulitsa iwo ndi matope. Mapiri akumetedwa chifukwa cha makala, dothi likukokolokera mumtsinje, ndipo mvula ikagwa madzi amafiira. Ine ndimaphikira makala magetsi akazima, ngati ambiri a inu, ndipo mawu amenewo anandikhudza.

Ndikanalemba ndili padoko ndikanapereka nyenyezi imodzi. Ndikupereka zinayi, ndipo zonsezo ndi za bambo oyendetsa boti, amene ndinawapatsa kangachepe m'manja mwawo, osati kudzera mu ofesi. Mukafuna kupita, musalipire zonse musanaone boti, funsani majekete a ana musanachoke kunyumba, ndipo tengani madzi anu akumwa. Mayi a mu ofesi aja ndinawalembera za zakumwa zimene tinalipira, mpaka lero sanandiyankhe.