Ndemanga: ulendo wa masiku awiri ku Medellín ndi Guatapé, nyenyezi 4 mwa 5

Ine ndi achemwali anga tinalipiriratu ulendowu pa intaneti tisananyamuke ku Manchester. Tsiku loyamba linali loyendera malo okhudza Pablo Escobar, yemwe anali mtsogoleri wa gulu logulitsa mankhwala ozunguza bongo, mumzinda wa Medellín ku Colombia, lachiwiri lokakwera mwala wa El Peñol ndi kuona tauni ya Guatapé. Dzina la kampani sinditchula chifukwa zina mwa zomwe ndinene ndi madandaulo. Ndaupatsa nyenyezi 4 mwa 5, ndipo zinayizo wazipezetsa ndi munthu mmodzi, bambo amene anatiperekeza tsiku loyamba.

Achemwali sankafuna n'komwe tsiku loyambalo. Anandifunsa kuti, "Iwe, ndalama zathu zikathere pokaona manda a chigawenga?" Ndinawachonderera kuti tingoyesa, zikakhala zotamanda munthuyo titsika panjira. Nkhawa yawo inali yomveka. Masewero a pa kanema amuonetsa Escobar ngati ngwazi, ndipo alendo ambiri amafika ku Medellín ali ndi chithunzi chimenecho m'mutu.

Wotiperekezayo anali bambo wa zaka za m'ma 50, wobadwira mumzinda momwemo, wolankhula Chingerezi chomveka bwino. Galimoto isananyamuke anatiuza mosabisa kuti anthu ambiri a ku Medellín maulendo otere amawawawa mumtima, ndipo anatipempha kuti tisamatchule dzina la Escobar mokweza tikakhala pagulu. M'galimoto tinali anthu 9, ndipo onse tinangoti zii.

Anayambira ku El Poblado, dera la mumzindawo, pamalo pomwe panali nyumba yosanja yotchedwa Mónaco, momwe Escobar ankakhala ndi banja lake. Adani ake anaphulitsa bomba pa nyumbayo mu January 1988. Kwa zaka zambiri inangokhala chiimire, alendo akumajambulitsapo, mpaka akuluakulu a mzinda anaigwetsa mu February 2019. Pano pali paki yachikumbutso, Parque Memorial Inflexión. Pakati pake pali khoma lalitali lakuda lokhala ndi timabowo 46,612, kabowo kalikonse kakuimira munthu mmodzi wophedwa pa chiwawa cha malonda a mankhwala ozunguza bongo kuyambira 1983 mpaka 1994. Ndinayandikira n'kuika chala pa kabowo kamodzi. Kenaka ndinakweza maso kuyang'ana mzere wonse mpaka kumapeto kwa khoma, ndipo miyendo inandilemera. Achemwali anali patsogolo panga, atagwira pakamwa.

Pamenepo tinakhalapo pafupifupi ola lathunthu, ndipo sindinaone kutalika. Bamboyo anatitchulira mmodzimmodzi ena mwa anthu ophedwa ndi gulu la Escobar. Rodrigo Lara Bonilla, nduna ya zachilungamo, anawomberedwa pa 30 April 1984 ndi anyamata a pa njinga yamoto. Guillermo Cano, mkonzi wa nyuzipepala ya El Espectador, anaphedwa mu December 1986. Luis Carlos Galán, amene ankapikisana nawo pa upulezidenti, anaphedwa mu August 1989. Pa 27 November chaka chomwecho ndege ya Avianca inaphulitsidwa itangonyamuka ku Bogotá, ndipo anthu onse 107 omwe analimo anafa. M'chaka cha 1991 chokha, anthu oposa 6,000 anaphedwa mu Medellín. Atatha izi anatiuza kuti amalume ake anali wapolisi wamba pa nthawi yomwe Escobar ankalipira aliyense wopha wapolisi, ndipo ankapita ku ntchito yunifolomu ataibisa m'chikwama. Sanawonjezere kanthu. Anangotembenuka n'kutiitanira ku galimoto.

Kuchokera pamenepo tinakwera phiri la ku Envigado kupita ku La Catedral. Msewu wake ndi wokhotakhota ndiponso wotsetsereka, choncho amene mumachita nseru m'galimoto mukhale kutsogolo. Iyi ndi ndende yomwe Escobar analowamo mu June 1991 atagwirizana ndi boma kuti sadzatumizidwa ku America. Inali ndende dzina lokha. Munali bwalo la mpira ndi malo omwera, ndipo malonda ake ankawayendetsa ali momwemo. Ataphera anzake a bizinesi mkatimo, boma linafuna kumusamutsa, iye n'kuthawa mu July 1992. Pambuyo pake malowa anaperekedwa kwa amonke ndipo panatsegulidwa nyumba yosamalira okalamba. Zakale zotsala n'zochepa. Chomwe chimakhalabe m'maso ndi mzinda wonse uli pansi pako m'chigwa cha Aburrá, ndipo umamvetsa chifukwa chake anasankha pamenepo: aliyense wokwera phirilo ankaonekera patali.

Ku manda a Jardines Montesacro ku Itagüí n'komwe ndinakhumudwa, ngakhale si kampani yomwe inalakwa. Tinapeza gulu lina la alendo. Mnyamata wina anakhala pamphepete pa manda a Escobar akumwetulira, mnzake akumujambula, wachitatu akuthira mowa pansi. Chapafupi pomwepo panali mayi wachikulire atagwada pa manda ena, akusintha maluwa. Ife tinaleredwa kuti kumanda sulankhula mokweza, ndipo achemwali anandikoka dzanja kuti, "Tiye tizipita, izi si zoona." Wotiperekeza wathu sanafike n'komwe pamandapo. Anatilozera ali chapatali n'kutipatsa mphindi 10.

M'galimoto ndinamufunsa funso lomwe linkandivuta: nanga nyumba zomwe amati Escobar anamangira osauka? Anavomera kuti n'zoona. Pali dera lomwe anthu amalitcha Barrio Pablo Escobar, ndipo oyamba kukhalamo anali mabanja ochokera ku dzala la zinyalala la Moravia. Ena mwa okalamba kumeneko amamukumbukirabe ndi mtima wabwino, ndipo iye anati sangawaweruze chifukwa munthu amene ankagona pa zinyalala akapatsidwa denga saiwala. Koma anati m'madera osauka ngati amenewo n'momwe ankatolamo anyamata achichepere n'kuwapatsa mfuti ndi njinga zamoto, ndipo ambiri a iwo sanafike pa ukulu. Anatiphunzitsanso mawu omwe Escobar ankadziwika nawo, plata o plomo, kutanthauza kuti landira ndalama kapena ulandire chipolopolo. Yankho limenelo ndinalikonda chifukwa sanabise mbali iliyonse.

Malo omaliza anali ku Los Olivos, pomwe Escobar anawomberedwa n'kufera padenga pa 2 December 1993, patangopita tsiku limodzi atakwanitsa zaka 44. Nyumbayo sulowa, umangoima mumsewu. Mphindi zisanu zinakwana.

Dandaulo langa loyamba lili apa. Pobwerera, dalaivala anatiimitsa pa kasitolo kogulitsa zikumbutso, ndipo munali malaya, makapu ndi timakiyi tokhala ndi nkhope ya Escobar. Zinaoneka kuti kampani ndi yomwe inakonza zoima pamenepo, chifukwa wotiperekeza anatsala panja akuyang'ana kumbali. Munthu sungayambe tsiku pa khoma la anthu 46,612 n'kulimaliza pogulitsa nkhope ya amene anachititsa imfa zambiri mwa zimenezo. Akampani, chonde chotsani zimenezi.

Tsiku lachiwiri tinanyamuka 7 koloko m'mawa ndi basi yaikulu komanso wotiperekeza wina, mtsikana wansangala koma wothamanga. Tinadutsa mu Túnel de Oriente, msewu wa pansi pa phiri wa makilomita pafupifupi 8 womwe unatsegulidwa mu 2019, ndipo titatulukira mbali inayo dziko linasintha. Mapiri obiriwira, ng'ombe zamkaka, minda ya chimanga ndi nyemba, nyumba zapulasitiki zolimamo maluwa. Panjira tinadya arepa, kachikondamoyo kachimanga kootcha, ndi tchizi ndi chokoleti chotentha. Ulendo wonse ndi wa maola awiri.

Mwala wa El Peñol umaonekera uli kutali, wakuda, utaima wokha ngati unachita kuikidwa. Kutalika kwake ndi mamita pafupifupi 200, ndipo masitepe oposa 700 anamangidwa mokhotakhota mu mng'alu wa mwalawo. Ena anawalemba manambala, ndiye umadziwa pomwe wafika. Munthu woyamba kudziwika kuti anaukwera, Luis Eduardo Villegas, anakwera mu 1954 masitepewa kulibe. Chapakati pali chifanizo cha Maria Virigo pomwe anthu amapumirapo. Achemwali ali ndi vuto la bondo, choncho tinakwera pang'onopang'ono, ndipo zinatitengera mphindi 40. Derali lili pamwamba kuposa Medellín, mpweya umaperewera msanga, musadzikakamize.

Pamwamba pake ndinaiwala kutopa konse. Madzi obiriwira alowerera pakati pa timapiri mbali zonse, tizilumba ndi tinyumba tofiira, mabwato akuoneka ngati nyerere. Tinagula mango aawisi othira mchere ndi ndimu, n'kukhala pakhoma tikudya mwakachetechete. Pambali ina ya mwalawo pali chilembo chachikulu cha G ndi mzere umodzi. Anthu a ku Guatapé anayamba kulemba dzina la tauni yawo, a ku El Peñol n'kuwaletsa asanamalize U, chifukwa matauni awiriwa amalimbirana mwalawo.

Madzi okongolawo ndi damu la magetsi, ndipo pansi pake pali tauni yakale ya El Peñol yomwe inamizidwa mu 1978, anthu ake atasamutsidwa. Pa boti tinadutsa pa mtanda wotuluka m'madzi, pomwe panali tchalitchi chawo. Tinaonanso mabwinja a La Manuela, nyumba ya Escobar ya m'mbali mwa damu yomwe anaitcha dzina la mwana wake wamkazi, ndipo gulu la adani ake lotchedwa Los Pepes linaiphulitsa mu 1993. Apa pali dandaulo lachiwiri: pa boti nyimbo zinali pamwamba kwambiri moti mawu a wotiperekeza sankamveka. Nkhani ya mtanda ndinachita kumufunsa titatsika. Pamalo pomwe anthu anataya nyumba zawo ndi tchalitchi chawo, akanazimitsako wailesi kwa mphindi ziwiri.

Ku Guatapé anatipatsa ola limodzi ndi theka, chakudya chili momwemo, ndipo n'zosakwanira. Tauniyi imadziwika ndi zócalos, zithunzi zojambulidwa m'munsi mwa makoma a nyumba: nkhosa, maluwa, zida za ntchito ya mwini nyumba. Ndimafuna kuyenda msewu ndi msewu, koma nsomba ya trucha itangofika patebulo anali akutiitana kale. Nsombayo inali yokoma, yokazinga bwino, ndi nthochi zokazinga pambali.

Dandaulo lachitatu ndi la ndalama. Pa tsamba lawo sanalembe momveka kuti ndalama yokwerera mwala ndi yapadera. Tinachita mwayi kuti tinali ndi mapeso m'thumba. Anaikanso chithunzi cha mvuu, ndipo ife okulira ku Mangochi tinayembekeza kuziona. Mvuuzo zili ku Hacienda Nápoles ku Puerto Triunfo, kutali ndi njira imeneyi. Escobar anabweretsa zinayi, pano zaposa 100 ndipo zafalikira m'dera la mtsinje wa Magdalena. Kumeneko ndi ulendo wa tsiku lina.

Amene mukufuna kupita, funsiranitu ngati ulendo wa tsiku loyamba umadutsa ku Inflexión komanso ngati wokuperekezani ndi wa ku Medellín komweko. Tengani ndalama zapamanja, jekete yamvula ndi nsapato zosaterera, chifukwa masitepe amanyowa. Ku Guatapé, ngati mungathe, mukagoneko usiku umodzi.

Usiku wathu womaliza achemwali ndi amene anati tibwerere ku Inflexión tokha. Tinakwera takisi, ndipo tinapeza timabowo tonse tija tikuwala.