Fallout: New Vegas ya pa Xbox 360, gemu ndilibe nayo mlandu koma bambo wa pashopu uja

Ndapereka nyenyezi zitatu, ndipo ziwiri zomwe ndachotsazo wazidya ndi munthu, osati gemu. Amene mumagula magemu akale m'tauni mukuidziwa mitengo ya zimbale za Xbox 360 masiku ano, ndiye mukamva R280 mudziwa kuti sindinatole pansi. Ndinalipira choncho chifukwa pabokosi panalembedwa Ultimate Edition, ija ya 2012 ya zimbale ziwiri, china cha gemu yeniyeni, china cha nkhani zowonjezera zinayi zija, Dead Money, Honest Hearts, Old World Blues ndi Lonesome Road. Kufika kunyumba ku Rosettenville, kuno ku Johannesburg, kutsegula bokosi, chimbale chachiwiri n'cha gemu ya mpira yakalekale.

Shopuyo sinditchula dzina, ili m'kanjira kena kotulukira ku Small Street, amakonzanso mafoni momwemo. Mwini wake ndi wakwathu. Tsiku logula anandimva ndikuyankha foni m'Chichewa, nkhope yonse kuwala. "Aaa achimwene, kumudzi n'kuti? Takhalani kaye pansi." Tinacheza za mvula, za mtengo wa feteleza, za mabasi opita kumudzi. Akuti gemuyi anaimaliza kangapo, ndipo malangizo anandipatsa osawapempha: "Musavutike ndi magulu enawo achimwene, tsatirani Mr. House. Ndi amene ali ndi ndalama, ndipo salimbana ndi anthu wamba. Mukamaliza mubwerera n'kukayesa kwina, gemu imapitirira." Bokosi analikulunga m'jumbo, lisiti osatulutsa.

Nditabwerera Loweruka, Chichewa chonse chinali chitamuthawa. Anandilandira m'Chingerezi ngati sanandionepo. Ndinati, "Achimwene, si inu munandikhazika pampando uwu?" Apo m'pamene anatsitsa mawu: "Madala, musandiyalutse pamaso pa makasitomala. Chimbalecho mwachisiya kwanu, komanso zowonjezerazo n'zopanda ntchito." Ndiye kuti wakuba ndine. Munthu ndawononga ndalama ya takisi kupita ndi kubwera kuti ndidzabe chimbale cha gemu ya zaka zoposa khumi? Chemwali wina wokonza mafoni pakona anangoweramira ntchito yake. Ndinatuluka mtima ukuwira, podziwanso kuti popanda chimbale chimenecho levulo imathera pa 30 m'malo mwa 50.

Poti ndalama inali itapita, ndinasewera chomwe chilipo. Gemuyi ndi ya 2010, ndiye ndiulula zina, amene simunasewere mudzikhululukire nokha. Chaka ndi 2281, mabomba a nyukiliya anagwa mu 2077, iwe ndiwe wonyamula mitokoma amene wawomberedwa m'mutu n'kukwiriridwa ku Goodsprings chifukwa cha kachitsulo kotchedwa Platinum Chip. Dokotala wa m'mudzimo akusoka, udzuka, uyamba kulondola Benny amene anakuwombera. Koma chimene akuluakulu onse m'chipululu cha Mojave akulimbirana ndi Hoover Dam, kumene kuli madzi abwino ndi magetsi. Kumadzulo kwachokera NCR (New California Republic), boma la pulezidenti, asilikali, misonkho ndi mapepala. Kutsidya kwa mtsinje wa Colorado kuli Caesar ndi Legion yake, ovala ngati Aroma akale, ogwira akapolo ndi kupachika anthu pamitanda. Pakati pali Mr. House m'nsanja ya Lucky 38 ndi maloboti ake ankhondo. Njira yachinayi ndi ya Yes Man, loboti lovomera chilichonse, lomwe limakuthandiza kulanda zonse wekha. Zithunzi n'zachikale ndipo polowa m'nyumba iliyonse umadikira kuti ilode, koma zimenezo uzolowera.

Chimene chinandigwira ndi Freeside. Ndi dera la amphawi kunja kwa geti la Strip, pakatikati pa mzinda wa New Vegas pomwe House akulamulira. Mkati muli magetsi ndi makasino, kunja kuli mabwinja ndi ana othamangitsa chikhoswe kuti apeze ndiwo. Pageti maloboti amafuna uwaonetse zitsekerero za mabotolo 2,000, poti ndiyo ndalama ya kumeneko, apo ayi pasipoti, ndipo pashopu ya Mick ndi Ralph amakupangira yabodza pa 500. Wina amayesa kuthamangira geti uli pomwepo, amamuwombera ukuona.

Oyang'anira derali ndi anyamata otchedwa Kings, majekete achikopa, tsitsi lonyezimira mafuta, ndipo ngakhale pampopi wa madzi otolera ndalama ndi iwowo. Mtsogoleri wawo, The King, amakutuma ukafufuze amene akumenya eni dera. Ku Old Mormon Fort, kuchipatala cha gulu la Followers of the Apocalypse, ovulalawo amaloza asilikali a NCR. Ukakumbabe umapeza mbali inayo. Anthu wamba ochokera ku California anabwera kudzasaka moyo, ndalama zinawathera, akugona m'mabwinja, eni dera akuwaona ngati olanda malo. Mayi wina wa usilikali, Major Elizabeth Kieran, akugawa chakudya kwa nzika za NCR zokha. Ukamufunsa chifukwa chake, akuti poyamba anafuna kugawira onse, anatumiza munthu kwa The King kuti akagwirizane, munthuyo anabwerako atamenyedwa kotsala pang'ono kufa. The King sakudziwa n'komwe kuti kunabwera mthenga. Anachita zimenezo ndi Pacer, mnzake wapamtima, amene safuna kumva za mlendo.

Amene munali kuno mu September 2019, mashopu a alendo akuphwanyidwa ku Jeppestown ndi ku Malvern, mukudziwa chifukwa chake padi yosewerera gemu ndinaiika pansi kaye. Chondizunguza mutu n'chakuti m'gemumo ine ndinali wantchito wa eni dera, ndipo madandaulo awo ndinkawamva ndithu: njala ndi yawonso, chakudya chikugawidwa pakhomo pawo iwo akuyang'ana. Palibe amene gemuyo inamupanga chitsiru. Ndinathamangira kwa The King kukamuuza za mthenga uja, iye n'kundituma kuti ndikaletse mfuti zomwe zinali zitayamba kale kulira, ndipo mtendere unakhalapo. Pa zonse zomwe ndinachita m'chipululumo, ndi chimenechi chokha chomwe ndinagona nacho mokondwa.

Kenako ndinatsatira malangizo a bambo uja. Ndinampatsa House chitsulo chake, ndinakadzutsa maloboti ake osungidwa pansi pa msasa wa Caesar. Atandilamula kuti ndikaphulitse malo obisalamo a gulu lina lankhondo, Brotherhood of Steel, ku Hidden Valley ndinafunafuna njira yokambirana, kwa House kulibe. Veronica, mtsikana wa gulu limenelo amene ndinkayenda naye, ndinamusiya ku Lucky 38 kuti asaone. Nkhondo ya pa damu ndinapambana, Legate Lanius, mkulu wa asilikali a Legion, anachoka, General Oliver wa NCR anauzidwa kuti asamuke ndi asilikali ake. Basi zithunzi zomaliza n'kuyamba kubwera chimodzichimodzi, kufotokoza zomwe zinagwera mudzi uliwonse. Kufika pa Freeside: House akuti a Kings agwirizana ndi adani akunja, watumiza maloboti, awapha onse osasiyako ndi mmodzi yemwe. Mlandu wawo ndi mtendere womwe ndinabweretsa ine uja. Choipa kwambiri, House amawasiya amoyo ngati iwo akhala akumenya anthu a NCR, poti kwa iye kumeneko ndiko kukhulupirika. Ameneyo ndiye "salimbana ndi anthu wamba" wa achimwene anga a ku Small Street. Ndipo zoti gemu imapitirira linali bodza lina. Zithunzi zikatha, yatha. Imakuchenjeza nkhondo yomaliza isanayambe, koma pofika pamenepo magulu enawo unadana nawo kalekale.

Usiku umenewo ndinalemba ndemanga ya nyenyezi imodzi, sindinaitumize. Kutacha ndinapezeka ndikukangana ndi House m'mutu, wogulitsa uja nditamuiwala. Kunena zoona House sananamize munthu. Amanena poyera kuti mavoti alibe nawo ntchito, kuti wofuna kudziwa kumene demokalase inafikitsa dziko asuzumire pawindo. Ndi munthu wa bizinesi amene wakhala m'makina zaka zoposa 200, amaona Strip ngati kampani yake, ndipo wokhala kunja kwa geti sali m'mabuku ake. Gemu inandionetsa zonsezi pageti paja. Olemba nkhaniyi, a Obsidian, ndawavulira chipewa pamenepo.

Mwamwayi ndinali ndi sevu yakale, ndiye ndinabwerera n'kulowa NCR. Musaganize kuti kumeneko n'kwa angelo. Boone, katswiri wa mfuti amene umamupeza ku Novac, akakuzolowera amakuuza za Bitter Springs, kumene asilikali a NCR anawombera amayi, ana ndi okalamba a fuko la Great Khans akuthawa. Ku Mojave Outpost amalonda angokhala, katundu ali pansi, kudikira chilolezo chomwe sichikubwera. Colonel Moore wa pa damu yankho lake pa gulu lililonse ndi mfuti, ndipo ukabwera ndi pangano la mtendere ndi Brotherhood amakukwiyira, koma pangano lija limatheka, chomwe kwa House ndi kwa Caesar sichitheka. Pamapeto a NCR mtendere wa ku Freeside umakula n'kukhala ntchito yothandiza onse, a Kings amatsala odziimira okha. Koma Goodsprings, mudzi womwe unakutola m'manda, umalandira misonkho yoti achikulire ena amalephera kulipira, basi n'kusamuka. Ndinasankha NCR ndikung'ung'udza, ndipo mpaka pano ndikuona kuti ndiyo yocheperako kuipa.

Legion sindinapite nayo patali. Ukangoona Nipton, anthu atachititsidwa maere kuti uyu apachikidwe uyu akhale kapolo, Vulpes Inculta wa Legion akukuuza modekha kuti ukafalitse nkhaniyo, n'zovuta kuwagwirira ntchito. Gemu imayesetsa kuwapatsa mfundo, amalonda ena amati m'misewu ya Caesar mulibe achifwamba, koma ntchito za mbali imeneyi n'zochepa poyerekeza ndi za NCR, ndipo ufumu wonse waima pa munthu mmodzi wodwala chotupa mu ubongo. Ukakhala ndi Boone nkhani yokambirana palibenso, akangoona chovala chofiira cha Legion wawombera. Yes Man amakoma poyamba chifukwa palibe wokulamula, koma ndi njira yomwe anaiikira munthu amene wadana ndi aliyense, ndipo pamapeto pake chipatala cha ku Old Mormon Fort chimadzaza mpaka kulephera.

Kwa amene mukuyamba: mukangotha nkhani ya Benny ku kasino ya The Tops, NCR ndi Legion onse amakutumizirani mthenga ndipo amakukhululukirani zakale. Sevani pamenepo, sevu yapadera, musaifufute. Mukaona ntchito yolembedwa Don't Tread on the Bear! kapena Beware the Wrath of Caesar! dziwani kuti chitseko chayamba kutsekeka. Samalaninso ndi zovala zomwe mwavula mitembo, mukavala za Legion asilikali a NCR amakuwomberani osafunsa.

Chimbale chija chinapezeka. Ndikudutsa pashopupo tsiku lina, chemwali wa mafoni uja anandikodola, akuti anachipeza m'bokosi la gemu ya mpira ija. Bamboyo Chichewa chinamubwerera nthawi yomweyo, "Mwaona achimwene, ife sitibera munthu," kenako n'kupempha R50 akuti yosungira. Chemwaliyo anangochikankhira kwa ine pakauntala osayankhula. Kupepesa sindinakumve mpaka lero, n'chifukwa chake nyenyezi ziwirizo sizibwerera. Mukakagula kumeneko tsegulani bokosi musanatulutse ndalama, ndipo mulankhule ndi chemwaliyo.

Chili ndi timikwingwirima koma chinagwira. Panopa ndili mu Honest Hearts, ku Zion, kumene umakumana ndi Joshua Graham, amene anayambitsa Legion pamodzi ndi Caesar. Atagonja pa nkhondo yoyamba ya Hoover Dam mu 2277, Caesar anamupaka phula, kumuyatsa moto n'kumuponya mu Grand Canyon, koma sanafe. Ukamumvera akufotokoza mmene womasulira zilankhulo anasandukira wakupha, Legion umaimvetsa kuposa zonse zomwe chimbale choyamba chimanena. Musananyamuke ulendo umenewo chepetsani katundu, amakuuzani kuti asapitirire mapaundi 75, ndipo anzanu onse, Boone yemwe, amatsala ku Mojave.