Kanema wa chigwa chosokoneza nthawi pa kashopu ka ku Kasungu

Pafupi ndi depoti ya mabasi pa boma la Kasungu pali timashopu toika mafilimu m'mafoni ndi m'ma memory card. Kamodzi mwa timashoputi kamasunga mafilimu omasuliridwa m'Chichewa mwadongosolo, mtundu uliwonse m'foda yake, moti mnyamata wa pakompyuta sachedwa kupeza chimene mwapempha. Ambiri amapitako kukafuna mafilimu a nkhondo ndi a karate, koma amene ndikufuna kukambapo ndi kanema wa magawo anayi wonena za dziko la m'nthano.

M'dzikolo muli chigwa chimene chimakutidwa ndi nkhungu yofiirira kadamsana akachitika, ndipo zimenezi sizichitika kawiri pa moyo wa munthu mmodzi. M'kati mwa nkhunguyo nthawi imayenda pang'onopang'ono kwambiri. Mayi wina amalowamo madzulo kukatunga madzi atasiya khanda lake m'manja mwa agogo ake, ndipo potuluka m'mawa ndi mtsuko pamutu amapeza khanda lija lili bambo wa ana atatu, nyumba yake itagwa kalekale, pamene panali khomo patamera mtengo waukulu. Ojambula anaonetsa mwaluso malire a nkhunguyo. Mbalame ikalowamo, anthu a kunja amaiona itaima m'malere mapiko ali chitambasulire, pamene mayi uja akacheuka amaona kuwala ndi mdima zikusinthana mwaliwiro kumudzi kwake, osadziwa kuti amenewo ndi masiku akutha.

Chimene chinandikhutiritsa n'chakuti kanemayu saphwanya lamulo limene wadziikira: mbali iliyonse imaona kuti nthawi yake ikuyenda bwinobwino, ndipo kusiyana kumadziwika pokhapokha anthuwo akayang'ana mbali inayo kapena akakumana. Ganizo limeneli lili ndi mizu yake m'sayansi. Mu 1905 Albert Einstein anafotokoza kuti wotchi yoyenda mothamanga kwambiri imatsalira poiyerekeza ndi yongokhala, ndipo mu 1915 anamaliza chiphunzitso choonetsa kuti mphamvu yokokera zinthu pansi nayonso imachedwetsa nthawi. Mawotchi a m'masetilaiti a GPS, amene foni zathu zimadalira posonyeza malo, amatsogola tsiku lililonse ndi magawo pafupifupi 38 a sekondi yogawidwa ka miliyoni, ndipo akatswiri amachita kukonza kusiyanako. Kanemayu wangokulitsa kanthu kakang'onoko mpaka usiku umodzi kusanduka zaka 30.

Womasulira, amene ambiri amangomutcha DJ, anagwira ntchito yotamandika m'magawo awiri oyamba. M'malo molimbana ndi kalendala yovuta ya m'dzikolo, iye amawerenga nthawi potchula kuti anthu a kunja akolola kangati ndiponso agulitsa fodya kangati, ndipo munthu wa kuno ku Kasungu safunika kumufotokozera kawiri. Pamene mayi uja akukana kukhulupirira kuti bambo waima patsogolo pakeyo ndi mwana wake, DJ amakhala chete n'kulola nkhope zilankhule, chinthu chimene omasulira ambiri sachikwanitsa.

M'gawo lachitatu ndi mmene zinthu zinaipa. Pa nthawi yeniyeni imene gogo wina akufotokoza chifukwa chake nkhungu imabwera ndi kadamsana, womasulira amayamba kupereka moni kwa anzake ndi kulengeza malonda ake, moti mfundo imene nkhani yonse yatsamirapo imamira m'phokoso. Mawu amatsaliranso pang'ono kumbuyo kwa zithunzi mpaka gawolo kutha.

Gawo lachinayi linakana kutseguka nditafika kunyumba. Mnyamata wa pashopupo analiikanso mwaulemu popanda kulipiritsa kachiwiri, koma wochokera kutali monga ku Chamama kapena ku Santhe angachite bwino kuyamba watsegula gawo lililonse pa foni yake asanachoke pakauntala.